Chidyamakanda akuyenda mwamatama, manyazi asenza mwana

Ku Chipasula, monganso ku Kawale, Biwi ndi Area 23, nkhani ya bambo wogona ndi mwana wasukulu imakonda kutha mwanjira imodzi. Akuluakulu a mabanja awiri amakhala pakhonde madzulo, ana n'kuwathamangitsira kuseri, kenako wina n'kuyamba kuti "tisapite nazo patali, tikambirane pachiweniweni." Bamboyo amatulutsa ndalama ya chipepeso, mwina n'kulonjeza fizi ya temu imodzi, ndipo mlandu woti ukadamusunga m'ndende moyo wake wonse umathera pamphasa. M'mawa mwake iye ali pagolosale pake, akupereka chenji. Mwana ndiye amasiya sukulu n'kutumizidwa kwa agogo kumudzi mpaka anthu ataiwala.

Chokwiyitsa kwambiri n'chakuti akuluakulu omwewa ndi amene amadzudzula aliyense wotchula bamboyo dzina loyenera ntchito zake. Ati ndi bambo wa ana, ali ndi banja, amasonkha kutchalitchi, ndiye asayipitsiridwe mbiri. Mbiri yake iti? Munthu wa zaka 45 amene amadikirira mwana wa Sitandade 7 panjira atanyamula chipisi ndi mayunitsi adaiyipitsa yekha mbiriyo. Amene mbiri yake ikuyipitsidwa popanda chifukwa ndi mwanayo, ndipo palibe mkulu amene amaitanitsa msonkhano woti amuteteze.

Dzina la bambo wotereyu lilipo kale: chidyamakanda. Ndi mawu oopsa munthu akawamvetsetsa, chifukwa akunena za munthu wodya ana. Koma tamverani mmene amatchulidwira pabawo kapena pasiteji ya kabaza. Amatchulidwa ndi phwete, ena akumuwomba m'manja mwini dzinayo, iye akumwetulira ngati amupatsa ulemu. Achinyamata awonjezerapo ena, shuga dadi ndi bulesa, omwe akumveka ngati akunena za munthu wachifundo wothandiza amphawi. Tsono mverani mayina a mwana. Ndi hule, ndi wothamanga magazi, ndi kamtsikana kosamva, kadadziwa amuna msanga. Amenewa satchulidwa moseka. Amatchulidwa pakiyosiki ya madzi, mayi ake ali pamzere womwewo, ndipo amamutsata mtsikanayo mpaka tsiku la chinkhoswe chake. Manyazi onse asenzetsedwa mwana.

Ku Britain zinthu zidatembenuka. Kumeneko kuli mawu achipongwe akuti nonce, omwe adafala kuchokera m'ndende, otchulira munthu wochita zachisembwere ndi ana. Palibe amene amaseka akatchulidwa choncho. Ngakhale pakati pa akaidi, opha anthu ndi mbava zamfuti amamuona munthu wotere ngati wotsikitsitsa, moti oyang'anira ndende amawasunga ambiri mwa iwo m'zigawo zawozawo poopa kuti anzawo angawavulaze. Jimmy Savile, muulutsi wotchuka wa pa wailesi ndi kanema, adamwalira mu 2011 akulemekezedwa ndi dziko lonse. Zitaululika mu 2012 kuti adachitira nkhanza ana ambirimbiri, chipilala cha pamanda ake ku Scarborough chidagwetsedwa ndipo dzina lake lidachotsedwa m'malo omwe lidalembedwa. Manyazi adapita kwa mwini wake, ngakhale adafika mochedwa.

Oteteza zidyamakanda amathamangira kunena kuti mawu otere amadzutsa chipwirikiti. Zoona, ku Britain komweko m'chaka cha 2000, nyuzipepala ina itayamba kusindikiza mayina ndi zithunzi za anthuwa mwana wotchedwa Sarah Payne ataphedwa, anthu adachita ziwawa ku Portsmouth, ndipo ku Wales nyumba ya dokotala wa ana idalembedwa mawu onyoza chifukwa mbuli zina zidasokoneza dzina la ntchito yake ndi la mlanduwo. Kunonso anthu aona oganiziridwa kuba akuotchedwa ndi matayala, ndipo palibe munthu wanzeru amene akufuna zimenezo. Koma ndi chidyamakanda uti wa golosale kapena wa minibasi amene adaotchedwapo ku Chipasula? Vuto la kuno ndi lina. Kuno amamupatsa mpando wakutsogolo pamaliro. Amene akuchenjeza za ziwawa akungofuna kuti anthu akhale chete, ndipo chete ameneyo ndi amene wakhala akudya ana.

Lamulo silikuchita chibwibwi pankhaniyi. Mu 2011 msinkhu wotetezedwa m'ndime 138 ya malamulo a milandu udakwezedwa kuchoka pa zaka 13 kufika pa 16. Mu 2015 lamulo la maukwati lidati munthu asalowe m'banja asadakwanitse zaka 18, ndipo mu 2017 Nyumba ya Malamulo idasintha malamulo aakulu a dziko kuti aliyense wosakwana zaka 18 ndi mwana. Mu 2023 ndime 138 ija nayo idafika pa zaka 18. Chilango chachikulu ndi ndende moyo wonse. Palibe paliponse pomwe lamulolo likunena kuti mfumu ya m'tauni, mtsogoleri wa mpingo kapena malume ali ndi mphamvu yothetsa mlanduwu ndi chindapusa.

Komabe mawu amene amamveka pakhonde paja ndi akuti "anafuna yekha." Enanso amati "taonani thupi lake, wakula uyu." Awa ndi mawu opusa kwambiri amene munthu wamkulu angatulutse pakamwa pake. Kodi mwana amene wadzuka osadya, mayi ake akugulitsa mandasi ku Mchesi, akalandira ndalama ya sopo kwa bambo wofanana ndi atate ake, ndiye kuti wasankha? Kodi mawere ndi chiphaso cha ku boma? Anthu omwewa sangalole mwana wa zaka 14 kusaina pepala logulitsira nyumba, sangamulole kuvota, sangamusiyire golosale sabata imodzi chifukwa ati nzeru zake sizidakhwime. Nzeruzo zimakhwima mwadzidzidzi pokhapokha bambo wandalama akafuna kuthawa ndende. Ndipo amayi ena, amene nawonso adadutsa m'zomwezi ali atsikana, ndi amene amatsogolera kunena kuti kamwanako n'kovuta. Manyazi ayenera kuchoka pa mwana, abwerere kwa amene adavula buluku.

Kukula kwa vutoli kudalembedwa kale. Kafukufuku wa nkhanza zochitikira ana wa mu 2013 adapeza kuti mtsikana mmodzi mwa asanu, ndi mnyamata mmodzi mwa asanu ndi awiri, adachitiridwa nkhanza zokhudza kugonana asadafike zaka 18. Sukulu zitatsekedwa mu 2020 chifukwa cha Covid-19, boma lidalengeza za mimba pafupifupi 40,000 za atsikana achichepere. Anthu adakhalira kuwerenga atsikanawo ndi kudandaula za khalidwe lawo. Amuna opereka mimbazo sadawerengedwe.

Nkhani ya Eric Aniva wa ku Nsanje ikuonetsa mphamvu ya manyaziwa. Mu 2016 iye adauza BBC pakamwa pake kuti ndi fisi, kuti adagona ndi amayi ndi atsikana oposa 100, komanso kuti ali ndi HIV. Atamangidwa, palibe mtsikana amene adaimirira m'khoti kudzamuneneza. Adamupeza wolakwa pa za amayi amasiye zokha, n'kumupatsa zaka ziwiri. Atsikanawo adadziwa kuti akatsegula pakamwa, mudzi ukaloza iwo chala.

Inkosi Kachindamoto ya ku Dedza idathetsa maukwati a ana mazanamazana ndi kuimitsa mafumu amene ankawaloleza, popanda kuwotcha munthu ndi mmodzi yemwe. Idangokana kuchitira ulemu chinthu chonyansa. Chipasula ingathe kutero. Bambo wogwirira mwana asakhale mkulu wa mpingo, asakhale m'komiti ya sukulu, asapatsidwe mwayi woyankhula pamaliro, ndipo dzina loti chidyamakanda lizitchulidwa popanda phwete. Mkulu aliyense wokhalira pakati kuti mlandu uthere panyumba adziwike kuti ndi mnzake wa wolakwayo.

Kwa kholo limene mwana walo wagwiriridwa: musadikire msonkhano wa pakhonde. Pitani naye kuchipatala pasadathe maola 72 kuti alandire mankhwala oteteza ku HIV ndi ku mimba, kanenani ku ofesi yothandiza ochitiridwa nkhanza kupolisi, kapena imbani 116, nambala yaulere yothandiza ana. Ndalama ya chipepesoyo ikaneni.