Mudzi wa Chibanzi ndi tirigu wa Msyamboza

Munthu akafunsa za mbiri ya kumapiri a Dowa, ambiri amathamangira ku Mvera. Amatchula chaka cha 1889, pamene amishoni A.C. Murray ndi T.C.B. Vlok adapempha malo kwa mfumu Chiwere, kenaka amalumphira ku Kongwe kumene Robert Blake adakhazika mishoni mu 1894. Zonsezi n'zoona. Koma azunguwo adapeza midzi ili chilili, ndipo umodzi mwa midziyo unali Chibanzi, wa Msyamboza.

Mkuluyu anali Mchewa, ndipo adakhwimira m'nthawi yoipa, Angoni akuthira nkhondo m'midzi, anthu akuthawira m'mapiri ndi m'malinga. Masiku amenewo mudzi sunkamangidwa ndi dzina la agogo lokha. Anthu ankatsata munthu amene ali ndi mfuti komanso nkhokwe. Msyamboza anali nazo zonse ziwiri. Ankasaka njovu, minyanga n'kumakagulitsa kunyanja, kumene amalonda a Chiswahili a ku Nkhotakota ankasinthanitsa nsalu, mfuti ndi onga. Tisanamizane, njira yomweyo ndi imene inkadutsanso akapolo.

Chomwe chimamusiyanitsa ndi mafumu anzake ndi maso. Ena ankabwerako kumaulendo ndi katundu pamutu basi. Iye ankabwerako ndi mbewu ndi nzeru za kalimidwe. Adayamba kulima tirigu wothirira, kupatutsa madzi a mumtsinje kuti ayende mumngalande mpaka kumunda, m'chilimwe anzake atapachika makasu. Wodutsa m'madimba a ku Dowa ndi ku Ntchisi mwezi wa Ogasiti lero, n'kuona madzi akutsetsereka pakati pa anyezi ndi kabichi, asafulumire kunena kuti ulimi wothirira udabwera ndi mabungwe a dzana.

Ndiye m'mudzi ngati Chibanzi, banja loyambitsa mudzi ndi liti? Kwa Achewa funsoli silivuta pakamwa: mudzi ndi mbumba, ufumu umatsata bere, wolowa dzina ndi mwana wa mlongo. Koma mudzi wokula m'nthawi ya nkhondo umadzaza ndi obwera, akamwini, othawa, ogwidwa. Pakapita mibadwo iwiri onsewo amaitanana achimwene ndi achemwali, ndipo pamaliro palibe wofuna kufukula za amene adafika ndi mtolo pamutu. Zimafukuka pokhapokha ufumu ukavuta.

Amishoni atafika, Msyamboza sadawathawe. Adalola sukulu m'mudzi mwake, ndipo atakalamba adalowa Chikhristu. Adamwalira mu 1926.

Tikumudziwa lero chifukwa cha mphunzitsi wa mishoni ya Nkhoma, Samuel Josiah Nthara, mlembi wa Nthondo ndi Mbiri ya Achewa, amene adalemba moyo wa mkuluyu m'Chichewa. Cullen Young adalimasulira bukulo m'Chingerezi mu 1949, n'kulitcha Headman's Enterprise. Midzi yoyandikana ndi Chibanzi inalinso ndi oiyambitsa ake, kungoti Nthara adali mmodzi, ndipo nkhalamba zimene zikadasimba za enawo zidagona kale kumsitu.