Musakulungire zitumbuwa m'mbiri yathu

Abale anga a pamsika, mwezi wathawu ndinakwera mapiri a Misuku mpaka ku Mughese, kukapepesa maliro a gogo wina wa kuchimuna kwathu. Nditafika ndinafunsa za kabokosi kawo kachitsulo, momwe ndinkadziwa kuti munali makalata omwe ankalemba ali kumigodi ya Kitwe, ziphaso za msonkho komanso makadi akale ogulitsira khofi. Azakhali anangoti, "Mapepala aja? Tinakulungira zitumbuwa pamsika." Ndinangoti kakasi. Moyo wonse wa munthu unathera m'mafuta ophikira.

Ndiye lero ndikuuzeni za mzungu wina wa ku America, Robert Rotberg, yemwe anatchuka chifukwa cholemekeza mapepala ngati amenewo.

Bamboyu anabadwa mu 1935, anaphunzira ku Oxford, kenaka nkumaphunzitsa mbiri ndi ndale ku Harvard ndi ku MIT. Akanatha kumangolemba za kwawo, koma mtima wake unagwera kuno. Mu 1965, ife tangolandira kumene ufulu, anatulutsa buku lakuti The Rise of Nationalism in Central Africa, lofotokoza momwe Malawi ndi Zambia anavulira goli la atsamunda.

Koma nkhani yondikoka ine ndi iyi. Akufufuza m'nyumba yosungira zolemba zakale za boma ku Zomba, Rotberg anapeza mulu wa mapepala olembedwa ndi George Simeon Mwase, Mtonga wa ku Nkhata Bay. Mwase anali kalaliki, ndipo anamangidwa pa mlandu wa ndalama. Ali m'ndende ya Zomba cha mu 1932, anacheza ndi Wallace Kampingo, mmodzi mwa anthu a John Chilembwe omwe anatsekeredwa nkhondo ya Januwale 1915 itatha. Zomwe anamva, Mwase anazilemba. Mapepalawo anagona zaka pafupifupi 35, mpaka Rotberg anawasindikiza mu 1967 pa mutu wakuti Strike a Blow and Die.

Inde, akatswiri ena amakayikira zina mwa zomwe Mwase analemba, poti zinali zongomva. Komabe tinapata mawu a Mmalawi akusimba yekha za Chilembwe, osati lipoti la bwanamkubwa ayi. Mukamapereka chenji cha K500 kapena kulandira K2,000, nkhope yomwe mukuiona ija ndi ya Chilembwe. Tangoganizani mlonda wina akanayatsira moto mapepala a Mwase!

Rotberg sanalekere pomwepo. Henry Masauko Chipembere, nduna ija inasemphana ndi Kamuzu mu 1964, anamwalira ku America mu 1975 asanamalize kulemba mbiri ya moyo wake. Ndi Rotberg yemweyu anakonza zolembazo nkuzitulutsa m'buku lakuti Hero of the Nation.

Mwina wina pabenchi apo akuti, "Iwe mtolankhani, ife sukulu inatikana, mabuku atithandiza chani?" Dikirani kaye. Mmerika wina wakuda, Henry Louis Gates Jr., yemwe ali mnyamata mu 1970 anagwirako ntchito pachipatala cha mishoni ku Kilimatinde m'dziko la Tanzania, anayamba kujambula mafilimu a mbiri. Mu 2012 anayambitsa pologalamu ya pakanema yakuti Finding Your Roots, yofufuza makolo a anthu. Iye amagwira ntchito ndi makamera a ndalama zambiri, koma foni yomwe mumalandirira Airtel Money ndi Mpamba nayonso imajambula mawu ndi zithunzi.

Ku Mughese kuli nkhalamba zomwe zimadziwa momwe khofi analowera m'minda ya Asukwa ndi Andali, momwe ankaolokera Songwe ndi katundu pamutu, ndi momwe Chitipa inkatchedwera Fort Hill. Kunsi kwa mapiri, ku Karonga, agogo awo anaona Mlozi, wogulitsa akapolo uja ananyongedwa mu 1895. Nanunso muli ndi zanu: momwe munkabisalira a Payoniya ogulitsa makadi pachipata cha msika, ndi momwe munavotera nyali mu 1993. Ndani alembe zimenezi? Tidikire mzungu wina akwere ndege?

Chondiwawa nchakuti Rotberg anaoloka nyanja kudzatola zomwe ife timapondaponda. Sindikumunena, anachita bwino. Manyazi ndi athu.

Ndiye pempho langa ndi laling'ono. Akakubweretserani mapepala okulungira usipa kapena mandasi, yambani mwawayang'ana. Ngati ndi nyuzi ngati inoyi, kulungani, sindidandaula. Koma mukaona kalata ya pamanja, chithunzi chakale kapena chiphaso, patulani, mubwezere eni ake. Mukapita kumudzi pa Khirisimasi, khalani pansi ndi agogo, tsegulani foni, afunseni. Ine ndinachedwa ndi mwezi umodzi wokha.

Tionana sabata yamawa, malonda akuyendereni.