Kulanga Munthu Mlandu Usanazengedwe

Pa nchito za Boma pali kalata imodzi imene wanchito aliyense aiopa koposa zonse, ndiyo kalata yomuimitsa pa nchito. Kalatayo ndi yaifupi. Imuuza kuti apereke makiyi, mabuku ndi cidindo kwa mnzace, ndipo akakhale kunyumba kufikira mlandu wace utafufuzidwa. Odziwa malamulo anena kuti kuimitsidwa si cilango ai, koma njira yopatsa mpata ofufuza. Mau amenewa ali oona pa pepala pokha. Kuimitsa munthu osamuuza tsiku lomva mlandu wace ndico cilango cowawa ndithu, ndipo cigwera munthu amene sanapezeke ndi colakwa.

Palibe wanzeru amene angakane kuti nthawi zina kuimitsa kufunika. Kalaliki woganiziridwa kuti wadya ndalama za msonkho sayenera kugona ndi buku la malisiti, pakuti akhoza kung'amba masamba kapena kuopseza mboni. Koma kuwerenga buku la malisiti ndi nchito ya masabata owerengeka. Nanga cifukwa ninji mphunzitsi, namwino kapena mlangizi wa zaulimi akhale pakhonde caka cathunthu, mwina ziwiri, mapepala ace alikugona m'kabati ya ofesi?

Mwambo umenewu unacokera m'malamulo a nchito a Boma la Atsamunda, amene analola kuti woimitsidwa adulidwe malipiro kufikira theka, ndipo akapezeka wosalakwa abwezeredwe zotsalazo. Ena ayesa kuti kubwezerako kukonza zonse. Iai. Mwini nyumba salandira theka la lendi, ndipo ana sadya theka la nsima mwezi ndi mwezi popanda kuonda. Munthuyo sangalembedwe nchito yina, popeza akali wa Boma. Alowa m'ngongole za katapila, ana aleka sukulu, ndipo anansi amloza zala kuti ndiye mbala ija. Ndalama zidzabwera pambuyo pace, koma mbiri yoonongeka siigulidwa m'sitolo.

Dziko nalonso litayapo. Boma lilipira mphunzitsi amene saphunzitsa, pamene ana ace m'kalasi akhala opanda wowayang'anira. Ndiponso kucedwa kuthandiza wolakwa weniweni: mboni zisamutsidwa, zina zimwalira, ciswe cidya mabuku, ndipo mbala ituluka mfulu cifukwa umboni wafafanizika. Akulu anati mlandu suola, koma umboni uola, ndi munthu woudikira afota.

Makolo pabwalo la mfumu sanali kucita cotero. Wodandaula anali kunena zace pamaso pa womnenerayo, mnzaceyo nayankha, nduna nizifunsa mboni, ndipo dzuwa lisanalowe aliyense anadziwa pamene mlandu wagwera. Malamulo a Zambia avomerezana ndi nzeru imeneyi. Gawo 18 la Malamulo Aakulu a Dziko linena kuti woimbidwa mlandu kubwalo ayesedwe wosalakwa kufikira umboni utamtsutsa, ndi kuti mlandu wace umveke pa nthawi yoyenera. Ngati munthu woganiziridwa kuti wathyola nyumba ali ndi ufulu wotere, kodi kalaliki amene watumikira zaka khumi acepa ndi ciani?

Dziko la India, limene linalandira mwambo womwewu kwa Angerezi, linayesa kucepetsa nkhanza imeneyi. M'caka ca 2015 Bwalo Lalikulu la dzikolo linaweruza mlandu wa Ajay Kumar Choudhary, wanchito wa Boma amene anaimitsidwa m'caka ca 2011, kuimitsidwa kwaceko nikumangoonjezedwa. Oweruza analamula kuti kuimitsa kusapitirire miyezi 3 ngati munthuyo sanapatsidwe milandu yace yolembedwa. Ndipo ngati wapatsidwa, wofuna kuonjeza nthawi alembe zifukwa zace. Anatinso Boma likhoza kumsamutsira ku ofesi yina, kumene sangakhudze mapepala kapena mboni. Nzeru imeneyi siifuna ndalama. Ifuna cabe akulu osalekerera.

Tsono zofunika ziri zitatu. Coyamba, kalata yoimitsa munthu ichule colakwa cace ndi tsiku lomva mlandu. Caciwiri, tsikulo likapita popanda cifukwa colembedwa, munthuyo abwerere pa nchito, ngakhale pa ofesi yina. Cacitatu, mkulu amene akhalira mapepala a mnzace ayankhe mlandu wa ulesi, pakuti nayenso ali pansi pa malamulo omwewo. Wakuba alangidwe ndithu, koma alangidwe msanga ndi poyera.

Anyamata ndi atsikana amene atsiriza sukulu nalakalaka nchito za Boma asayese kuti nkhaniyi ndi ya ena. Caona mnzako capita, mawa ciri pa iwe. Ena a iwo adzalandira kalata yotere. Ena adzakhala pa mpando woilemba. Olembawo adzakumbukire kuti pansi pa mapepala omangidwa ndi cingwe aja pali banja lodikira yankho.