Bambo wa pakhomo sangathere pa K5 miliyoni

Kampani ina ya inshuwalansi yauza banja lina la ku Dwambazi kuti pa chipukuta misozi chonse chomwe khoti linagamula, iyo ipereka K5 miliyoni basi, zotsalazo akazifunse kwa dalaivala ndi mwini galimoto. Bambo wa banjali anagundidwa ndi minibasi pamsewu wa M5 akukankha njinga ya dengu la usipa. Anasiya mkazi ndi ana omwe akali pasukulu. Dalaivalayo ntchito inamuthera tsiku lomwelo ndipo pakhomo pake palibe ngakhale mbuzi yoti n'kugulitsa. Mwini minibasi naye chuma chake chonse chinali minibasi yomwe inaphwanyikayo. A kampani akudziwa bwino zimenezi. Akamati "pitani kwa dalaivala" akudziwa kuti akutumiza mayi wamasiye kopanda kanthu, ndipo manyazi sakuwagwira.

Lamulo la zapamsewu la 1997 limakakamiza galimoto iliyonse kukhala ndi inshuwalansi yoteteza anthu omwe ingawavulaze kapena kuwapha. N'chifukwa chake apolisi apamsewu amasuzumira kapepala kaja pagalasi. Lamulo lomwelo limalola ofedwa kusumira kampani ya inshuwalansi mwachindunji, koma ndalama zake zisapitirire malire omwe analembedwa papepala la inshuwalansiyo. Msampha wagona pamenepa. M'mapepala ambiri malirewo ndi K5 miliyoni pa munthu mmodzi, ndipo akhala pomwepo zaka ndi zaka.

Kodi K5 miliyoni ndi chiyani lero? Mu Meyi 2022 kwacha inagwa ndi 25 peresenti. Mu Novembala 2023 inagwanso ndi 44 peresenti mpaka dola imodzi kufika pa K1,700. Pa mtengo umenewo K5 miliyoni sikwana madola 3,000. Bokosi lakwera, thumba la chimanga lakwera, fizi yakwera, mafuta a injini ya boti akwera. Chomwe chakana kusuntha ndi mtengo umene makampaniwa anaika pa moyo wa munthu. Chaka chilichonse amatolera ndalama kwa eni magalimoto pa mitengo ya lero, koma pa maliro amalipira pa mitengo ya makedzana. Kumeneku ndi kudyera masuku pamutu anthu ofedwa.

Tsono tamvani zomwe amanena owaikira kumbuyo. Akuti malirewo akakwezedwa inshuwalansi idula ndipo anthu wamba alephera kuyendetsa magalimoto. Anthu wamba ake ati? Mayi wa ku Dwambazi woyanika usipa pathandala alibe galimoto. Mwana wodutsa msewu m'mawa popita kusukulu alibe galimoto. Mfundoyi ikutanthauza kuti woyenda pansi afe motchipa kuti wa galimoto alipire zochepa. Aliyense woinena ayambe waimirira pasiwa n'kuifotokozera anamfedwa maso ndi maso. Ngati munthu sangakwanitse kulipira inshuwalansi yokwanira kulera ana a munthu amene angamuphe, galimoto yakeyo ayiimike pakhomo.

Akutinso maloya ndi anthu achinyengo amakokomeza milandu, ena mpaka kupeka ngozi zomwe sizinachitike. Chinyengo chiripo, palibe akukana. Koma wakuba amagwidwa ndi kufufuza, ndipo makampaniwa ali ndi ofufuza awo ndi maloya awo omwe amalipidwa bwino. Chinyengo cha munthu wa mu Limbe chikukhudza bwanji mtembo umene unagona pachipatala cha Dwambazi, umene apolisi anauona, achipatala anaulembera chikalata, mudzi wonse unakauika m'manda? Imfa sapeka. Kutchula akuba pofuna kumana mayi wamasiye ndi mwano woposa kumana kwenikweniko.

Mfundo yachitatu ndiyo imandipsetsa mtima koposa: akuti "tikungotsata pangano". Pangano lake anasaina ndani? Womwalirayo sanalione pepalalo, sanafunsidwe, sanadindepo chala. Anthu awiri, kampani ndi mwini galimoto, anagwirizana mu ofesi za mtengo wa munthu wachitatu iye kulibe.

Komanso musaganize kuti K5 miliyoniyo imabwera yokha. Mayi ngati uyu amayamba wafuna lipoti la apolisi, chikalata cha imfa, ndi makalata omulola kuyendetsa chuma cha masiye. Bwalo lalikulu la milandu kulibe kwawo ku Nkhotakota. Ayenera kulowera ku Mzuzu kudzera ku Chintheche ndi Nkhata Bay, kapena ku Lilongwe kudzera ku Salima, pamsewu womwewo umene unamulanda mwamuna. Thiransipoti akongole, pogona akongole, mlandu n'kuimitsidwa, abwerere. Poyerekeza chipukuta misozi, khoti limaona zomwe malemu ankapeza, kuchotsapo gawo lomwe akanadya okha, n'kuchulukitsa ndi zaka zomwe akanakhala akusamala banja. Msodzi kapena wa geni ya usipa alibe pepala la malipiro, ndiye kawirikawiri amamuwerengera pa malipiro otsikitsitsa omwe boma linakhazikitsa, ngakhale nyengo ya usipa ankapeza zoposa pamenepo. Wachepetsedwa kale kamodzi. Ndiye pa zochepazo kampani idulenso n'kusiya K5 miliyoni, loya atengepo zake, angongole atengepo zawo. Chofika m'manja mwa ana n'chiyani?

Za omwe amafera pamatola ndi pakabaza zikuposa apa. Kampani imangoti galimotoyo sinalembetsedwe kuti izinyamula anthu, pomwe njinga zamoto zambiri zilibe inshuwalansi n'komwe.

Aphungu a m'mbali mwa nyanja amafika pa maliro a ngozi, amapepesa, ena amagula bokosi. Bokosi tathokoza, koma ntchito yomwe tinawatuma ndi ya malamulo. Akatengere nkhaniyi ku Nyumba ya Malamulo: malire a inshuwalansi ya imfa akwezedwe ndipo aziunikidwa nthawi iliyonse kwacha ikagwa, ndalama zoyendetsera mlandu kampani izilipira padera, zisamachotsedwe pa za ana amasiye, ndipo pakhale masiku owerengeka oti kampani ikhale italipira khoti likagamula, ikachedwa izilipira chiwongoladzanja. Oyang'anira makampaniwa nawo azisindikiza chaka ndi chaka ndalama zomwe kampani iliyonse yatolera pa magalimoto ndi zomwe yapereka kwa ofedwa, kuti tonse tione ngati kudandaula kwawo kuti agwa kuli koona.