Mipando ya ku Filmation

Sabata yathayi mwana wa mlongo wanga anandiseka mpaka kugwira m'mimba. Ndinamuitana kuti adzaone pafoni katuni yomwe inkatisowetsa tulo tili ana, ya He-Man. Anapenya mphindi zisanu zokha n'kufunsa kuti, "Amalume, bwanji munthuyu akuthamanga chimodzimodzi nthawi zonse? Ndipo akamayankhula thupi lonse langoti zii, pakamwa pokha ndiye pakuphethira."

Ndinafuna kumukalipira, koma mwanayo sananame. Ife tinkaonera He-Man kunyumba kwa aneba omwe anali ndi deki ya vidiyo ndi matepi ochokera ku Joni, nthawi imeneyo Television Malawi isanatsegulidwe mu 1999. Tinkakhala pansi mothithikana, mapazi ali mbuu, ndipo palibe anaona zoti chithunzi cha He-Man akukweza lupanga kumwamba chinali chomwechomwecho tsiku lililonse. Lero ndikufuna kuikira kumbuyo kuumira kumeneku.

Katuniyi inkapangidwa ndi kampani ya Filmation ya ku California, m'dziko la America. Anaiyambitsa kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1960 ndi amuna atatu: Lou Scheimer, Hal Sutherland ndi Norm Prescott. Zaka zoyambirira zinali za njala. Scheimer ankakonda kusimba kuti pamene a DC Comics, eni ake a Superman, ankafuna kampani yoti iwajambulire katuni ya pa TV, anati atumiza munthu woti adzaone kaye situdiyo. Situdiyoyo inali gwaa, mipando ndi matebulo okhaokha, antchito kulibe. Scheimer anaimbira foni anzake ndi abale kuti abwere adzakhale pamipandopo, aweramire mapepala ngati ali kalikiliki kujambula. Mlendo uja anazungulira, anakhutira, nabwerera. Mu 1966 katuni ya The New Adventures of Superman inayamba kuonetsedwa pa kanema wa CBS, ndipo mipando ija inapeza eni ake enieni.

Tsono kuumira kuja kunachokera kuti? Filimu imadya zithunzi 24 pa sekondi iliyonse, ndipo kale chilichonse chinkajambulidwa pamanja, n'kupakidwa utoto pa mapepala apulasitiki oonekera. Ndalama zomwe makampani a TV ankalipira sizikanakwanira kujambula zonsezo. A Filmation anachita zomwe amachita mayi wanzeru ufa ukachepa m'thumba: mkute sataya. Ankajambula kamodzi munthu akuthamanga, akuseka, akuponya chibakera, n'kusunga zithunzizo kuti azizitulutsanso nkhani iliyonse ikafika pamenepo. Kuti mayendedwewo aoneke ngati a munthu weniweni, ankayamba ajambula munthu wamoyo pa filimu kenako n'kumatsatira thupi lake ndi pensulo, monga anachitira ndi Tarzan mu 1976. Pena kamera inkangoyenda pang'onopang'ono pa chithunzi chachitali cha nkhalango kapena mpanda wa mfumu, nthawi ikutha, ife tili kukamwa yasaa.

Ngakhale mawu ankawaumira. Kanthu kouluka ka mu He-Man kovala chipewa chofiira kaja, Orko, mawu ake anali a bwana Scheimer iwo omwe, koma pa mndandanda wa mayina ankalembapo dzina lopeka loti Erik Gunden. Mwana wawo wamkazi, Erika, nayenso ankayankhulira anthu angapo. Ndipo pofuna kupewa mkangano woti dzina la ndani likhale patsogolo, mayina a Scheimer ndi Prescott ankaoneka pa TV akuzungulira ngati gudumu.

Ndi njira yotchipayi anatulutsa zinthu zomwe olemera akanazisirira. The Archie Show ya mu 1968 inabala gulu la oimba lomwe kunalibe, la zithunzi zokhazokha, koma nyimbo yawo ya Sugar, Sugar inakhala pa nambala wani ku America mu 1969. Fat Albert and the Cosby Kids, yomwe inayamba mu 1972, inaika ana achikuda a m'makwalala a Philadelphia pakati pa nkhani, pa nthawi yomwe makatuni ambiri anali a azungu ndi nyama. Mu 1973 anaukitsa Star Trek ngati katuni ya magawo 22, osewera ake William Shatner ndi Leonard Nimoy akuyankhula okha, ndipo inapata mphoto ya Emmy mu 1975.

He-Man anabwera mu 1983. Chiyambi chake chinali chidole cha kampani ya Mattel, ndipo otsutsa ankati pulogalamu yonseyo inali malonda a zidole ovala chigoba cha nthano. Pamenepo sindingawatsutse kwambiri. A Filmation anapanga magawo 65 nthawi imodzi n'kuwagulitsa ku masiteshoni a m'mizinda kuti azionetsa Lolemba mpaka Lachisanu, ana akaweruka kusukulu. Onse pamodzi anafika 130, ndipo mu 1985 mlongo wake She-Ra anapatsidwa pulogalamu yakeyake. Gawo lililonse linkatha ndi kaphunziro, wina n'kutembenukira kwa ife owonera kutiuza za kuipa kwa bodza kapena kudzikonda, ngati agogo akutseka nthano pamoto.

Chomwe chimandigwira mtima n'chakuti m'zaka zimenezo makampani ena, kuphatikizapo Hanna-Barbera wa Scooby-Doo, ankatumiza ntchito yambiri yojambula ku maiko monga Taiwan ndi South Korea komwe malipiro anali otsika. Scheimer ankakana. Kupatula katuni ya Zorro ya mu 1981 yomwe inajambulidwa ku Japan, ntchito ya Filmation inkachitikira pakhomo, ndi anthu ake omwe. Ndalama yopulumuka pobwereza chithunzi cha He-Man akuthamanga ndi yomwe inkalipira wopaka utoto kuti mwezi wamawa akhale adakali pantchito. Mphwanga anaona ulesi, koma ine ndikuona bwana yemwe anasankha kusekedwa ndi akatswiri anzake kusiyana ndi kuchotsa anthu ake.

Vuto linali lakuti khasu linali lobwereka. Atatu aja anagulitsa kampaniyo kwa TelePrompTer mu 1969, ndipo TelePrompTer inamezedwa ndi Westinghouse mu 1981. Scheimer ankayendetsa zinthu, koma mwini munda anali wina. Msika utadzaza ndi makatuni a zidole, BraveStarr ya mu 1987 sinabweretse phindu ngati la He-Man, ndipo a Westinghouse anaganiza zogulitsa. Ogula anali gulu logwirizana ndi L'Oréal, kampani ya ku France ya mafuta odzola ndi zopakapaka. Iwowa ankafuna nkhokwe ya makatuni akale kuti azigulitsa ku Ulaya. Anthu ojambula analibe nawo ntchito.

Lachisanu pa 3 February 1989 situdiyo inatsekedwa, ndipo anthu oposa 200 anauzidwa kuti alongedze. Amati chakudza sichiyimba ng'oma, koma apa kaya ng'oma inabisidwa dala kapena ayi, weruzani nokha: tsiku lotsatira, pa 4 February, ndi pamene linayamba kugwira ntchito lamulo latsopano la ku America lokakamiza makampani akuluakulu kuchenjeza antchito masiku 60 asanatseke. Aliyense amene anapitapo kuntchito m'mawa n'kupeza loko watsopano pageti akudziwa mmene msewu wobwerera kunyumba umatalikira tsiku limenelo.

Scheimer anamwalira mu 2013. Makatuni ake adutsa m'manja mwa eni ambiri ndipo akupangabe ndalama, mpaka kufika pafoni yanga yosweka galasi. Kampani yomwe inayamba ndi mipando yopanda anthu, n'kubwereka anthu oti akhalepo kwa ola limodzi, inadzaza mipandoyo kwa zaka zoposa makumi awiri isanaisiyenso ili gwaa.

Ndinamufotokozera mphwanga zonsezi. Anamvetsera mwaulemu, kenako anati, "Chabwino amalume, koma akuthamangabe moseketsa." Tinaonera gawo lina limodzi, ndipo He-Man atakweza lupanga lija, ndinamuona mwanayo akukweza supuni.