Korona ndi Mkwapulo m'Nyumba Imodzi

Mwezi uno tiyeni tiwoloke nyanja tipite ku Ireland, dziko lija linatitumizira ansembe ndi masisitere ambiri, tikamve za mlembi wa mabuku dzina lake John McGahern. Nkhani yake ndi yowawa kwa ife Akatolika, koma tiona kuti nkoyenera kuti tiimve.

John anabadwa mu 1934, woyamba mwa ana 7, ndipo anakulira m'cigawo ca Leitrim. Amai ake, a Susan, anali aphunzitsi a sukulu ya pulaimale ku Aughawillan, munthu wofatsa ndi wokonda kupemphera. Atate ake, a Frank, anali sajeni wa polisi ku Cootehall, ndipo ankagona ku nchito komweko, kutali ndi banja. Ali mwana, John analonjeza amai ake kuti adzakhala wansembe ndi kuwacitira Misa. Mu 1944 amaiwo anamwalira ndi khansa. Asanatsirizike, atate anatumiza galimoto kukatenga katundu wa m'nyumba pamodzi ndi ana, wodwalayo ali cigonere m'cipinda. John sanapite nao kumaliro. M'buku la moyo wake, Memoir, lotuluka mu 2005, afotokoza kuti tsikulo anabisala kunja atagwira wochi, akuwerenga nthawi imene Misa ya amai ake inali kucitika.

Ku Cootehall anawo anapeza moyo wina. Madzulo ali onse atate ankawagwaditsa kunena Korona, ndipo atate omwewo ankawamenya kolapitsa pa zifukwa zosaoneka. Kwa anthu akunja anali munthu wolemekezeka ndi Mkhristu wa citsanzo. Akulu anati cikomekome ca mkuyu, mkati muli nyerere. Cimene cinamthandiza mnyamatayo ndi banja lina la Ciprotestanti, a Moroney, amene anamlola kuwerenga mabuku onse a m'nyumba mwao.

Unsembe uja sanaufikire. Anaphunzira uphunzitsi ku St Patrick's College, Drumcondra, nayamba kuphunzitsa ku Clontarf mu mzinda wa Dublin. Buku lake loyamba, The Barracks, la mu 1963, likamba za mkazi wa sajeni amene akufa ndi khansa. Laciwiri, The Dark, la mu 1965, likamba za mnyamata wozunzidwa ndi atate ake, amene alakalaka unsembe koma avutika ndi zilakolako za thupi ndi mantha a ulapi. Bungwe la boma loona za mabuku linaletsa bukuli. Nthawi yomweyo John anali atakwatira mkazi wa ku Finland ku ofesi ya boma, osapita ku chalici. Zinthu ziwirizi zinamcotsetsa nchito mwa lamulo la Arkiepiskopi wa Dublin, a John Charles McQuaid, ndipo bungwe la aphunzitsi silinamuimirire. Anapita ku England kukagwira nchito yomanga nyumba ndi kuphunzitsa mwa ganyu.

Sitikana kuti The Dark lili ndi mau ndi zocitika zosayenera ana, ndiponso ukwati wa Mkatolika uli ndi malamulo ake amene tiwaphunzitsa ife tomwe. Komabe tiyenera kuvomera kuti cimene bukulo linaulula cinali coona. Mu 2009 lipoti la Ryan linaonetsa nkhanza zimene ana anacitiridwa kwa zaka zambiri m'masukulu ndi m'nyumba zosungira ana zoyendetsedwa ndi zipani za m'Eklezia, ndipo mu 2010 Papa Benedikto XVI analembera Akatolika a ku Ireland kalata yopepesa ozunzidwawo. Anthu akadamvera mau onga a John mu 1965 m'malo momutseka pakamwa, kapena ana ena akadapulumuka.

Patapita zaka anabwerera ku Leitrim, nagula kafamu, nayamba kuweta ng'ombe ndi kulemba pang'onopang'ono. Mu 1990 anatulutsa Amongst Women, buku limene linafika pa mndandanda wotsiriza wa mphotho ya Booker. Dzina lake licokera m'pemphero la Tikuoneni Maria. M'menemo muli Michael Moran, amene anamenya nkhondo ya ufulu wa dziko, ndipo tsopano alamula banja lake ngati gulu la asilikali. Sapitiriza usiku osanena Korona, koma pempherolo alisandutsa cingwe comangira mkazi ndi ana ake. Ana aakazi amkonda ndi kumuopa pamodzi. Mwana wamkulu, Luke, apita ku London ndipo akana kubwerera ngakhale atate ake ali pafupi kufa.

Cotidabwitsa ncakuti John, ngakhale anasiya kupita ku masakramenti, sanasunge mangawa ndi Eklezia. Kawirikawiri ankanena moyamikira kuti miyambo ndi mapemphero a ubwana wake ndizo zinayamba kumphunzitsa za ulemu, za zinsinsi za Mulungu, ndi kuti anthu onse ndi olingana. Cikhulupiriro cimene ankacikumbuka mwacikondi cinali ca amai ake, amene ankayenda naye m'tinjira ta kumudzi popita ku sukulu akumuchulira maina a maluwa. Anamwalira pa 30 March 2006, naikidwa ku Aughawillan pambali pa amai akewo, itacitika Misa.

Tsono ife makolo tidzifunse. John anamva mapemphero amodzimodzi kucokera kwa makolo onse awiri. Kwa amai anaphunzirapo cikondi ca Mulungu, kwa atate anaphunzirapo mantha. Ana athu amva zimene tinena pogwada, komanso aona zimene manja athu acita tikadzuka. Atate amene atsogolera Korona atangomenya mkazi wao aphunzitsa mwana kuti pemphero ndi cinyengo, ndipo mwana wotere akadzasiya chalici tisadzanamizire dziko kapena anzake.

Funso lina ndi la ife tonse a m'parishi ndi m'miphakati. Mwana akabwera kudzatiuza za nkhanza za kunyumba, za kusukulu kapena za ku chalici, ticita ciani? Tikayamba taganiza za mbiri ya mkulu wochulidwayo, tacita cimodzimodzi ndi aja analetsa buku la John. Tiyambe tamumvera mwanayo, timuteteze, ndipo nkhaniyo tiifikitse kwa oyenera.