MLANDU WA DAMBO LA EPWORTH

Abale ndi alongo a nthambi zathu za kumidzi, mwezi uno Mkonzi wanu akukutengerani kutali, ku Mangalande, kuti mukamve mlandu wa dambo. Wina adzati, "Kodi madambo athu atha, kuti tiyambe kukamba za dambo la Azungu?" Iyayi, sanathe. Koma mau aja amene amatuluka pakamwa pa anthu obwera ndi mapu ndi zingwe zoyezera, akuti "malo awa angokhala, alibe nchito," si mau a lero. Alimi osauka a ku Mangalande komweko anawamva zaka mazana anai zapitazo, ndipo zimene anachita atawamva nzoyenera kuti membala aliyense azidziwe.

Kumpoto kwa chigawo cha Lincolnshire kuli tauni yaing'ono ya msika, dzina lake Epworth. Amene munagwirako nchito ku Harare mukudziwa Epworth wina wa kumeneko. Dzinalo linachokera ku tauni imeneyi, pakuti John Wesley, woyambitsa mpingo wa Methodist, anabadwiramo mu 1703. Tauniyi ili pa kamtunda, ndipo kale inazingidwa ndi madzi: mtsinje waukulu wa Trent kum'mawa, ndi mitsinje ya Idle, Torne ndi Don mbali zinazo, yoyenda mwaulesi m'mabango. Nchifukwa chake dera lonselo, pamodzi ndi midzi ya Haxey, Belton ndi Owston, limatchedwa Isle of Axholme, ndiko kuti chilumba, ngakhale lili pakati pa dziko.

Kunsi kwa kamtundako kunali dambo la maekala 13,400, ndipo linali la onse. Anthu ankadyetsako ng'ombe, nkhosa ndi nkhumba. Ankaphako nsomba ndi abakha akutchire, nadulako bango ndi udzu wofolerera nyumba. Nkhuni zawo zinalinso momwemo, pakuti pansi pa dambo la mtundu umenewo pamakhala dothi lakuda la zomera zowolerana, limene ukalidula m'zidutswa ndi kuliumitsa limayaka pa moto. Nyengo ya chisanu mitsinje inkasefukira nisiya matope a chonde, ndipo madzi akaphwa msipu unkaphuka wonenepa popanda munthu kuthira manyowa. Mai wina wofufuza mbiri ya alimi, Joan Thirsk, anasanthula mapepala akale a deralo, nasonyeza mu 1953 kuti dambo limene akulu a Boma ankalitcha lopanda pake linkasunga ng'ombe 12,000. Inu amene muli ndi dimba, amene ng'ombe zanu zimapulumukira ku dambo mwezi wa Okutobala, simufuna womasulira kuti mumvetse zimenezi.

Anthuwo analinso ndi kalata. Mu 1359 mwini wamkulu wa deralo, John de Mowbray, analemba pangano lakuti iye ndi olowa m'malo mwake sadzadulanso gawo lina la dambolo kuti likhale lawolawo. Kalatayo anaisunga m'chalichi cha ku Haxey, m'bokosi lomangidwa ndi zitsulo, ndipo pa galasi la zenera la pamwamba pake panali chithunzi cha Mowbray atagwira kalata m'manja. Mwana aliyense wolowa m'chalichimo ankakula akudziwa kuti dambo lili ndi mboni.

Bvuto linafika mu 1626. Mfumu Charles I inali pa usiwa wa ndalama, ndipo Nyumba ya Malamulo inali kuimana. Tsono inapangana ndi katswiri wa ngalande wa ku Holland, Cornelius Vermuyden, kuti aumitse madambo a Hatfield Chase ndi Axholme, maekala ngati 70,000. Kagawidwe kake kanali kotere: gawo limodzi mwa magawo atatu la Mfumu, lachiwiri la Vermuyden ndi anzake oika ndalama, lachitatu la anthu a m'midzi. Taonani bwino, abale. Munthu amene dzulo anali ndi dambo lonse akuuzidwa kuti athokoze popeza amsiyira chidutswa. Pa msonkhano wogawanawo panalibe mlimi ndi mmodzi yemwe wa ku Epworth. Ndipo popeza pa nthawiyo ufumu wa Mowbray pa deralo unali utagwera m'manja mwa Charles yemweyo, wolanda ndi mwini mabwalo a milandu anali munthu mmodzi. Khoswe akakhala pa mkhate sapheka.

Vermuyden anabwera ndi anchito a kwawo. Anatseka mitsinje, naipatutsa, nakumba ngalande zowongoka zotayira madzi mu Trent. Koma madzi alibe ulemu ndi pangano la mfumu. Atawatsekera uku anakatulukira uko, namiza midzi ya Fishlake, Sykehouse ndi Snaith imene kale sinkamira chotero, kufikira oumitsawo anakakamizidwa kukumba mtsinje wina watsopano, umene mpaka lero umatchedwa Dutch River. Ku Epworth nako msipu unafooka chifukwa matope a chonde aja analeka kufika, ndipo nyengo yotentha ng'ombe zinkasowa pomwera.

Anthu sanakhale chete. Mu 1628 amuna ndi akazi anagumula makhwawa, nakwirira ngalande, natentha zipangizo za anchitowo. Anyamata a Vermuyden anaomba mfuti pafupi ndi Haxey, munthu mmodzi nafa. Amene anagwidwa pa zipolowe anawatengera ku mabwalo a ku London nawalipitsa chindapusa choti mlimi sangachikwanitse moyo wake wonse. Pofika 1636 chigamulo chinali chakuti pa maekala 13,400 aja, 7,400 apite kwa oumitsa, anthu atsale ndi 6,000. Anaonjezapo mapaundi 400 akuti amphawi agulire zipangizo zolukira ziguduli, m'malo mwa nsomba ndi mbalame zimene anataya. Munthu amene ankadya za m'dambo la makolo ake mwaufulu anasanduka woluka masaka.

Mlandu suwola. Mu 1642 ku Mangalande kunabuka nkhondo yapachiweniweni pakati pa Mfumu ndi Nyumba ya Malamulo, ndipo anthu a Axholme anaona kuti nthawi yawo yakwana. Anatsegula zitseko za ngalande ya Snow Sewer kuti madzi a Trent alowe, naimirira pomwepo ndi mfuti milungu ingapo kuti wina asatseke. Minda ya oumitsa inamira. M'zaka zotsatira anagwetsa mipanda nabwezera ng'ombe zawo pa malo onse amene analandidwa. Mfumu Charles inadulidwa mutu mu 1649, koma mlandu wa dambo unatsala, chifukwa oika ndalama aja anali akadafunabe phindu lawo kwa Boma latsopano.

Pano tiyenera kunena zinthu ziwiri zimene sizikoma, pakuti nyuzi ya nthambi si ya kutamanda kokha. Choyamba ndi ichi. Oumitsa anabweretsa alendo ochokera ku Holland ndi ku France kuti alime malo ouma aja molipira lendi. Alendowo anamanga mudzi ndi chalichi pa Sandtoft. Mu 1651 anthu a Axholme anagwetsa nyumba 82 za mudziwo, pamodzi ndi nkhokwe ndi chigayo cha mphepo. Ife tikuti apa mkwiyo unaphonya. Amene anagona panja anali alimi a lendi, ambiri a iwo othawa mazunzo a chipembedzo kwawo, pamene eni ndalama anagona m'nyumba zawo zabwino osamva ndi utsi womwe. Chachiwiri: m'nyengo yomweyo anthu anaitana andale otchuka awiri a ku London, John Lilburne ndi John Wildman, kuti awathandize pa mlandu. Akuluwa anabvomera, koma pa mtengo wa maekala 2,000 a dambo lomwelo. Lilburne anali munthu wolimba mtima amene analowa m'ndende kangapo chifukwa cha ufulu wa anthu wamba, sitikana. Koma mtetezi amene malipiro ake ndi munda umene akuuteteza, muyang'anitsitseni kawiri. Mu 1652 Lilburne anapitikitsidwa m'dziko pa mlandu wina, ndipo a ku Epworth anatsala okha monga kale.

Anatsala okha, koma sanaleke. Ankasonkha ndalama mudzi ndi mudzi kulipira wowaimira pa milandu, natulutsa kalata ya Mowbray pa bwalo lililonse. Wokhometsa lendi wa oumitsa, Nathaniel Reading, ananena yekha kuti anamenyana nawo nkhondo 31, ndipo mu 1697 anamtenthera nyumba usiku. Agogo amene anayamba mlanduwo anafa, ana awo anafa, adzukulu napitiriza. Mu 1691 bwalo linabweza malo ambiri kwa anthu, oumitsa natsala ndi maekala osafika 3,000 pa 7,400 aja. Mlandu wotsiriza unatsekedwa mu 1719, patapita zaka 93 chiyambire pangano la Mfumu ndi Vermuyden.

Tsono wina angaganize kuti nkhani yathera pabwino. Dikirani. Dambo la onse limene mfuti za Vermuyden zinalephera kulimaliza linatha ndi cholembera. Mu 1795 Nyumba ya Malamulo inapanga lamulo logawa malo a onse a Epworth, Haxey, Belton ndi Owston, kuti aliyense alandire chigawo chake ndi kuchitchinga. Nthawi iyi panalibe mlendo wa ku Holland woti amuloze chala. Olandira anali amene anatha kusonyeza umboni wa ufulu wawo, ndipo wa munda waukulu analandira chachikulu. Amphawi anawapatulira timalo tokumbamo dothi loyaka lija. Kamodzi ka timaloto, Epworth Turbary, kalipo mpaka lero kunja kwa tauni, ndipo tsopano ndi malo osungirako mbalame ndi zomera za m'dambo. Amene afuna kuona m'mene dziko lonselo linkaonekera kale amapita pa kachidutswa ka amphawi kameneko.

Chimodzi anachikana ndithu alimi a Axholme mu 1795. Minda yawo ya pamtunda, yolimidwa m'mizere yaitali yopanda mipanda, munda wa uyu kugundana ndi wa uyo, anati isakhudzidwe. Akatswiri a ulimi a masiku amenewo anawaseka kuti ndi anthu osafuna kutukuka. Koma chifukwa cha kukana kumeneko munthu wa ndalama zochepa ankatha kugula mzere umodzi, kenaka wina, nakhala mwini munda m'dziko limene alimi ambiri anali atasanduka aganyu a eni minda ikuluikulu. Mizere imeneyo ikuonekabe pozungulira Epworth, Belton ndi Haxey, pamene pafupifupi ku Mangalande konse inafafanizika.

Tisanamizane: malo oumitsidwa aja lero ndi minda yobereka kwambiri tirigu, mbatata ya kachewere ndi ndiwo zamasamba. Sitikunena kuti ngalande ndi tchimo. Koma chondecho chinadza pambuyo pa nchito ya mibadwo yambiri yokonza zimene Vermuyden analakwitsa, ndipo malowo ndi otsika kotero kuti makina opopa madzi a ku Keadby ndi ku West Stockwith atati aleke, dambo lingayambe kubwerera. Funso limene anthu a Epworth anafunsa mu 1626 silinali lakuti madzi achoke kapena akhale. Anafunsa kuti: ndani wapempha, ndani adzadya, ndipo amene ankadya kale adzadya chiyani? Pa mafunso atatuwa Mfumu inayankha ndi asilikali ndi chindapusa.

Chimene chinawaimiritsa pa bwalo zaka zonsezo chinali kalata ya m'bokosi ndi chiwerengero cha ng'ombe zawo. Akanakhala ndi mkwiyo wokha, mbiri ikanawalemba kuti anali anthu a zipolowe basi. Nanga ife, munthu wa mapu atafika mawa pa dambo la mudzi wanu nati langokhala, mudzamuonetsa chiyani? Pakamwa pokha sadzapamvera.

Chifukwa chake tikupempha mlembi wa nthambi iliyonse kuti agule kope limodzi. Akhale pansi ndi a mfumu, ndi akuluakulu odziwa malire, ndiponso makamaka ndi amai, pakuti ndiwo adziwa za madimba, za dongo la mbiya ndi za zitsime zosaphwa. Alembe mabanja amene ali ndi dimba, ng'ombe ndi mbuzi zimene zimadya kumeneko m'chilimwe, amene amamweta udzu, amene amadula bango la mphasa, amene amatchera mono. Asaiwale amasiye ndi obwera amene alibe munda wa pamtunda, chifukwa pa Epworth amene sanalembedwe ndiwo anatuluka manja lende mu 1795. A mfumu asindikize chala kapena asaine pa tsamba lotsiriza, ndipo makope akhale awiri, lina kwa mlembi, lina kwa a mfumu, posafika chiswe.